Mtsinje wa mphepo umene unakweza mtengo wa buledi ku Maputo

Pali funso limene ndimakonda kufunsa ana a Folomu 3 akayamba kuodzera masana. Ndimati: kodi mphepo yowomba makilomita 10 pamwamba pa dziko la Russia ingakweze bwanji mtengo wa buledi ku Maputo? Ambiri amaseka, amati ndayamba nthabwala. Wina anandiyankhapo kuti mwina mphepoyo inauluza ufa wonse. Sanakhoze, komanso sanaphonye kwambiri.

Pa 1 Sepitembala 2010, anthu a ku Maputo ndi ku Matola anakhamukira m'misewu, natseka njira ndi matayala oyaka moto. Anali atamva kuti buledi akwera ndi pafupifupi 30 peresenti, madzi ndi magetsi nazonso zikukwera. M'masiku ochepa chabe anthu 13 anafa, ndipo boma linabweza mtengo wa buledi uja. Zifukwa za kukweraku zinalipo zingapo. China chinali kuchepa mphamvu kwa ndalama ya metical. Koma china chinali mtengo wa tirigu pamsika wa dziko lonse, umene unakwera modzidzimutsa mu Julaye ndi Ogasiti chaka chimenecho. Mukautsata mtengo wa tiriguwo mpaka kugwero kwake, mukapezeka muli kumwamba, pamphepo imene asayansi amaitcha jet stream. Tibwererako ku Maputo, koma tiyambe taidziwa mphepoyi.

Mtsinje wopanda madzi

Jet stream ndi mphepo yamphamvu imene imawomba m'kanjira kopapatiza, pakati pa makilomita 9 ndi 16 kuchokera pansi. Nsonga ya Sapitwa paphiri la Mulanje ili pa mamita 3,002. Musanjikize mapiri otere atatu kapena anayi, ndiye mwafika pamene ikuyambira. M'litali imatha kuzungulira dziko lonse, m'lifupi ndi makilomita mazana angapo, koma kuchindikala kwake ndi makilomita ochepa basi. Ganizirani lamba wa m'chiuno: wautali, wosatambalala kwambiri, wopyapyala. Pakatikati pake mphepo imathamanga makilomita 150 mpaka 250 pa ola, ndipo masiku ena imapitirira 400.

Zikuluzikulu zilipo zinayi, ziwiri kumpoto kwa ikweta, ziwiri kumwera. Mbali iliyonse ili ndi ina yodutsa cha pa madigiri 30, yotchedwa subtropical jet, ndi ina yodutsa cha pa madigiri 50 mpaka 60, yotchedwa polar jet. Zinayi zonsezi zimachokera kumadzulo kulowera kum'mawa. Zonse, za kumpoto ndi za kumwera zomwe. Mfundo imeneyi muisunge, chifukwa ndiyo inkandisokoneza ine ndili pasukulu. Tinkauzidwa kuti zinthu za kumwera kwa ikweta zimatembenuka mosiyana ndi za kumpoto, ndiye ndinkaganiza kuti jet stream yathu iyenera kulowera kumadzulo. Ayi ndithu.

Chimaiyendetsa n'chiyani?

Zinthu ziwiri: kusiyana kwa kutentha, ndi kuzungulira kwa dziko.

Dzuwa limawomba molunjika kufupi ndi ikweta, koma kunsonga za dziko, ku North Pole ndi ku South Pole, limangopendekera. Mpweya wotentha umafufuma, wozizira umafinyikira pansi. Tsono yerekezani milu iwiri ya mpweya, wina pamwamba pa Congo, wina pamwamba pa Antarctica. Mulu wa ku Congo ndi wautali chifukwa wafufuma, wa ku Antarctica ndi waufupi. Mukakwera makilomita 10 pamwamba pa Congo, mpweya wambiri ukadali pamutu panu ndipo ukukupanikizani. Mukakwera makilomita 10 omwewo pamwamba pa Antarctica, mpweya wochuluka mwausiya kale pansi, wotsala pamutu panu ndi wochepa. Ndiye kuti kumwambako, kumbali yotentha kuli high pressure ndipo kumbali yozizira kuli low pressure. Mpweya umakankhidwa kuchoka kotentha kulowera kozizira, monga mmene madzi amatsikira kuchigwa.

Dziko likanakhala losazungulira, nkhani ikanathera pomwepa. Mphepo ya kumwamba ikanangolunjika kunsonga za dziko. Koma dziko limazungulira kulowera kum'mawa, ndipo malo onse sathamanga mofanana. Munthu woima pa ikweta akuyenda makilomita pafupifupi 1,670 pa ola, ngakhale iye akuona ngati wangoima. Wa ku Durban, cha pa madigiri 30, akuyenda pafupifupi 1,450. Wa pa madigiri 60 akuyenda pafupifupi 835 okha. Onsewa amamaliza ulendo m'maola 24, kungoti bwalo la wa pa ikweta ndi lalikulu.

Mpweya wochoka ku ikweta umanyamula liwiro lake la kwawo. Ukafika pa madigiri 30 umapeza nthaka ya pansi pake ikuyenda pang'onopang'ono, choncho umaipitirira, n'kuthamangira kum'mawa. Zili ngati munthu wodumpha m'lole ikuyenda: akaponda pansi samaima pomwepo, amapitirira kutsogolo kumene loleyo ikulowera. Ndipo zilibe kanthu kuti mpweyawo walowera kumpoto kapena kumwera. Konseko ukupita kumalo oyenda pang'onopang'ono, konseko upitirira kum'mawa. Kupatuka kumeneku ndiye kuja mabuku amati Coriolis effect. Kumpoto mphepo imapatukira kudzanja lamanja, kumwera kudzanja lamanzere, koma tajambulani papepala muone: mphepo yolowera kumpoto ikapatukira kumanja yaloza kum'mawa, yolowera kumwera ikapatukira kumanzere yalozanso kum'mawa. Tsiku limene ndinajambula zimenezi ndekha m'pamene chisokonezo changa chija chinatha.

Palinso china chowonjezera liwiro. Mangani kamwala kuchingwe, muzikazungulitsa, kenako mufupikitse chingwecho. Kamwalako kamayamba kuthamanga kwambiri. Mpweya wolowera kunsonga za dziko nawonso ukuyandikira mzere umene dziko limazungulirapo, ndiye kuti chingwe chake chikufupika. Mukawerengera masamu ake, mpweya wochoka pa ikweta uyenera kufika pa madigiri 30 ukuwomba makilomita pafupifupi 480 pa ola. Subtropical jet yeniyeni nthawi zambiri sifika pamenepo chifukwa mafunde ndi namondwe zimaibera mphamvu, koma gwero lake ndi lomweli. Polar jet nayo imabadwa pamalire pamene mpweya wozizira kwambiri wa kunsonga za dziko ukukumana ndi wofunda. Pamene kutentha kwasiyana kwambiri pamtunda waufupi, pamwamba pake mphepo imakula. N'chifukwa chake ma jet stream amalimba nyengo yozizira, pamene kunsonga kwa dziko kuli mdima ndi chisanu choopsa koma ku ikweta kukutenthabe.

Munthu amene sanamvedwe

Nkhani ya amene anaitulukira imandimvetsa chisoni pang'ono. M'zaka za m'ma 1920, katswiri wa zanyengo wa ku Japan, Wasaburo Oishi, ankaulutsa zibaluni zing'onozing'ono pamalo ofufuzira a Tateno, kumpoto chakum'mawa kwa Tokyo, n'kumazitsatira ndi chipangizo choyezera mmene zikuyendera. Anachita zimenezi kambirimbiri, ndipo anaona kuti nyengo yozizira, chibaluni chikafika kumwamba kwenikweni chimatengedwa ndi mphepo yoopsa kulowera kum'mawa. Pofuna kuti dziko lonse limve, analemba zimene anapeza m'chinenero cha Esperanto, chimene anthu anachita kupanga kuti chikhale cha mitundu yonse. Tsoka lake, asayansi ambiri a kunja sankachiwerenga. Ntchito yake inangokhala m'mashelefu.

Koma asilikali a dziko lake anaiwerenga. Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse ili mkati, kuyambira mu Novembala 1944 mpaka mu Epulo 1945, Japan inaulutsa zibaluni zonyamula mabomba zoposa 9,000 kulowera ku America. Chilichonse chinali chotambalala mamita pafupifupi 10, chopangidwa ndi mapepala omatidwa, ndipo ambiri mwa amene ankamata mapepalawo anali atsikana a sukulu amsinkhu wanu. Chinalibe injini kapena woyendetsa. Chinkangokwera mpaka mu jet stream, n'kuoloka nyanja ya Pacific m'masiku ngati atatu. Usiku chikazizira n'kuyamba kutsika, kachipangizo kena kankagwetsa matumba a mchenga kuti chipepuke chikwerenso. Pafupifupi 300 ndi zimene zinapezeka kuti zinafikadi ku North America. Zambiri sizinawononge kanthu. Koma pa 5 Meyi 1945, kufupi ndi tauni ya Bly ku Oregon, mayi wina woyembekezera ndi ana asanu anapeza chibaluni chotere m'nkhalango, bomba linaphulika, onse asanu ndi mmodzi anafa. Boma la America linali litapempha manyuzipepala kuti asalembe za zibalunizi, kuti a Japan asadziwe ngati zikufika. Choncho anawo sankadziwa chimene anatola.

Nthawi yomweyo oyendetsa ndege za nkhondo za America za mtundu wa B-29 anakumana nayo mphepoyi pamwamba pa Tokyo. Akaitsatira, ndege zinkathamanga mopitirira muyeso moti mabomba ankaphonya. Akayang'anizana nayo, zinkakhala ngati zangoima m'mlengalenga. Nkhondo itatha m'pamene asayansi anayamba kuifufuza mwakhama.

Lero oyendetsa ndege amaisaka dala. Kuchoka ku New York kupita ku London ndi maola ngati 7, kubwerera ndi pafupifupi 8. Kuchoka ku Johannesburg kupita ku Sydney ndi pafupifupi maola 12, kubwerera pafupifupi 14. Ena amati n'chifukwa choti dziko likuzungulira pansi pa ndegeyo, koma taganizani bwino: dziko limazungulira kulowera kum'mawa, ndiye zikanakhala choncho ulendo wa kumadzulo ndi umene ukanafupika. Yankho ndi mphepo. Mu Febuluwale 2020, nthawi ya namondwe wotchedwa Ciara, ndege ya British Airways ya mtundu wa Boeing 747 inayenda kuchoka ku New York kukafika ku London m'maola 4 ndi mphindi 56. Penapake inkadutsa nthaka pa liwiro loposa makilomita 1,300 pa ola. Injini zake sizinasinthe. Inali ngati bwato lopalasa motsatira madzi.

Okwera phiri la Everest nawonso amaiopa. Nsonga yake, pa mamita 8,849, imakhala mu mphepoyi miyezi yambiri pachaka. Amadikira mwezi wa Meyi, pamene jet stream imasunthira kumpoto mvula ya monsoon isanayambe ku India. Si mwangozi kuti Edmund Hillary ndi Tenzing Norgay anafika pansongapo pa 29 Meyi 1953.

Pamene mtsinje wakhota

Zonse ndanenazi n'zosangalatsa, koma chimene chimakhudza miyoyo ya anthu ambiri ndi ichi: jet stream siyenda mowongoka. Imakhotakhota ngati Shire kumunsi kwa Chikwawa. Makona ake akuluakulu amatchedwa Rossby waves, potengera dzina la Carl-Gustaf Rossby, wasayansi wobadwira ku Sweden amene anawafotokoza mu 1939. Mapiri akuluakulu monga Rockies ndi Himalaya, komanso kusiyana kwa kutentha pakati pa nyanja ndi mtunda, ndi zina mwa zimene zimaikhotetsa.

Kumbukirani kuti jet stream imakhala pamalire a mpweya wofunda ndi wozizira. Ikakhotera kunsonga ya dziko, mpweya wofunda umaitsatira n'kudzaza m'khonamo. M'menemo mumakhala high pressure, mpweya umatsika, ndipo mpweya wotsika umafunda n'kuuma. Mitambo siipangika, dzuwa limangowotcha. Ikakhotera ku ikweta, mpweya wozizira ndi umene umalowa, ndipo chakum'mawa kwa khona limenelo mpweya umakokedwa kukwera m'mwamba. Mpweya wokwera umazizira, mitambo imapangika, mvula imagwa. Kotero jet stream payokha sinyamula mvula ngati mtsuko. Ntchito yake ndi kudzutsa namondwe ndi kumulozera njira.

Masiku ambiri makona amenewa amasuntha pang'onopang'ono kulowera kum'mawa. N'chifukwa chake abale athu okhala ku Britain amadandaula kuti nyengo ya kumeneko siidalirika, lero dzuwa, mawa mvula, mkuja mphepo. Chimenecho ndi chizindikiro choti mtsinje ukuyenda bwino. Vuto limabwera makona akakula kwambiri n'kuima malo amodzi. Akatswiri amati blocking. Amene ali pansi pa dzuwa amakhala padzuwa masabata, amene ali pansi pa mvula amakhala pamvula masabata.

Izi n'zimene zinachitika mu 2010. Kuyambira chakumapeto kwa Juni mpaka pakati pa Ogasiti, khona lalikulu la jet stream linaima pamwamba pa chigawo cha kumadzulo kwa Russia. Pa 29 Julaye mzinda wa Moscow unatentha madigiri 38.2, kutentha kumene kunali kusanalembedwepo chiyambire kuyeza mumzindawo. Nkhalango ndi madambo ouma zinayaka, utsi unaphimba mzinda, ndipo akatswiri amawerengera kuti anthu oposa 50,000 anafa chifukwa cha kutentha ndi utsiwo. Tirigu anauma m'minda.

Tsono mtsinje ukakhotera uku, kutsogolo kwake umakhotera uko. Kum'mawa kwa khona la ku Russia lija, jet stream inatsikira kumwera mpaka kufupi ndi kumpoto kwa Pakistan, n'kuimanso pomwepo. Kumeneko inakumana ndi mpweya wachinyezi wa monsoon n'kumaukokera m'mwamba pamapiri. Chakumapeto kwa Julaye kunagwa mvula yosaneneka, mtsinje wa Indus unasefukira, anthu pafupifupi 2,000 anafa ndipo okwana ngati 20 miliyoni anakhudzidwa. Moto ku Russia, madzi ku Pakistan, sabata zomwezo. Pa TV zinkaoneka ngati ngozi ziwiri zosakhudzana. Pamapu a mphepo ya kumwamba zinali mbali ziwiri za chingwe chimodzi chopindika.

Russia ndi limodzi mwa mayiko ogulitsa tirigu wambiri kunja. Poona kuti zokolola zawonongeka, boma la kumeneko linaletsa kutumiza tirigu kunja kuyambira pa 15 Ogasiti. Mtengo pamsika wa dziko lonse unakwera. Mozambique, monganso Malawi, amagula kunja pafupifupi tirigu yense wophikira buledi. Patangotha masabata awiri, matayala anali kuyaka ku Maputo. Sindikunena kuti mphepo ndiyo inayatsa matayalawo. Umphawi, ndalama yofooka ndi zosankha za atsogoleri zinali kale pamenepo ngati udzu wouma. Koma mayi wogula buledi ku Matola analipira nawo mtengo wa khona la mphepo limene sanalionepo, pamwamba pa dziko limene sanapiteko.

Zoterezi zachitikanso. Mu Juni 2021 khona lina linaima pamwamba pa kumadzulo kwa Canada, ndipo pa 29 Juni kamudzi ka Lytton kanatentha madigiri 49.6. Ku Canada, eti! Tsiku lotsatira moto unatentha pafupifupi kamudzi konseko.

Nanga ife kuno?

Apa ndiyenera kusamala, chifukwa n'kosavuta kukokomeza. Malawi ali pakati pa madigiri 9 ndi 17 kumwera kwa ikweta, kunja kwa njira ya ma jet stream akuluakulu. Mvula yathu ya dzinja imabwera makamaka ndi ITCZ ndi mpweya wachinyezi wochokera ku Congo, monga munaphunzirira. Wina akakuuzani kuti chilala chilichonse cha kuno n'chifukwa cha jet stream, mufunseni bwino.

Koma oyandikana nawo a kumwera ali pansi pake penipeni. Mzinda wa Cape Town umalandira mvula nyengo yathu yozizira, kuyambira cha mu Meyi mpaka Ogasiti, chifukwa nthawi imeneyo jet stream imasunthira kumpoto n'kumabweretsa ma cold front kuchokera kunyanja ya Atlantic. Kuyambira 2015 mpaka 2017, zaka zitatu zotsatizana, mvula yambiri yotere inkadutsa kumwera, n'kumagwa panyanja m'malo mogwa m'madamu. Pofika Febuluwale 2018 munthu aliyense mumzindawo ankaloledwa malita 50 okha patsiku, kumwa, kuphika, kusamba ndi kuchapa momwemo, ndipo anthu ankawerenga masiku otsala kuti mipope itsekedwe.

Palinso nthawi imene khona limakula mpaka kuduka, monga mtsinje wokhota umadulira njira n'kusiya thamanda pambali. Chigawo cha mpweya wozizira chimatsala chokha chikuzungulira kumwamba, chopanda mphepo yochikankha kuti chipite. Dzina lake ndi cut-off low. Chikaima kufupi ndi nyanja yofunda chimakoka chinyezi n'kumachikhuthulira malo amodzi. N'chimene chinagwera Durban mu Epulo 2022. Malo ena analandira mamilimita oposa 300 m'maola 24, nyumba zinagumuka, anthu oposa 400 anafa. Durban ndi mzinda umene Amalawi ambiri amagwirako ntchito, ndipo mwina ena mwa inu munali ndi achibale amene mafoni awo sankapezeka masiku amenewo.

Ndipo ngakhale kuno kwathu dzanja lake limafika, kungoti mozungulira. Cold front ikadutsa kumwera kwa Africa, kumbuyo kwake kumabwera high pressure imene imasefukira kunyanja ya Indian. Mphepo yozungulira high pressure imeneyo imatenga mpweya wozizira ndi wachinyezi panyanja, n'kuukankhira kumtunda kudzera ku Mozambique. Ukagunda mapiri a Mulanje, Thyolo ndi Blantyre, timadzuka kuli nkhungu, kamvula kowaza ndi chisanu cholowa m'mafupa. Chimenecho ndiye chiperoni, dzina lochokera kuphiri la Chiperone ku Mozambique, mbali imene mitamboyo imatulukira. Panyanja yathu mphepo yomweyo ndi mwera, umene asodzi amauopa. Tiyi wa ku Mulanje ndi ku Thyolo amapindula ndi chinyezi cha chiperoni m'miyezi youma. Ndiye tsiku limene mwavala majuzi awiri popita kukalemba mayeso mu Julaye, dziwani kuti masiku awiri kapena atatu m'mbuyomo kunadutsa china chake cha ku Cape Town, ndipo jet stream ndiyo inachilozera njira.

Dziko likamatentha

Popeza jet stream imadalira kusiyana kwa kutentha, chilichonse chosintha kusiyanako chimaikhudza. Umboni wooneka bwino uli mbali yathu ino ya kumwera. Chibowo cha ozone pamwamba pa Antarctica chinaziziritsa mlengalenga wa kumeneko, ndipo m'zaka zomalizira za m'ma 1900 jet stream ya kumwera inasunthira kufupi ndi Antarctica, makamaka m'miyezi yotentha. Mayiko atagwirizana mu 1987, m'pangano la Montreal, kusiya mankhwala owononga ozone, kafukufuku anapeza kuti kuyambira cha m'ma 2000 kusunthako kunaima. Taganizani: mankhwala a m'mafiriji anasuntha mtsinje wa mphepo wozungulira dziko lonse, ndipo pangano la anthu linauimitsa. Koma mipweya yotenthetsa dziko, monga carbon dioxide, ikukankhirabe mphepoyi kulowera kumwera, ndipo kwa mzinda ngati Cape Town imeneyo si nkhani yabwino.

Kumpoto nkhani yake ili pamkangano. Dera la Arctic likutentha mofulumira kuposa dziko lonse, ndiye kusiyana kwa kutentha pakati pa iko ndi madera a kumwera kwake kukuchepa. Mu 2012 asayansi awiri a ku America, Jennifer Francis ndi Stephen Vavrus, analemba kuti zimenezi zikhoza kufooketsa polar jet n'kuichititsa kukhotakhota kwambiri ndi kuima malo amodzi kawirikawiri, monga mtsinje umachitira ukafika pachigwa. Ganizoli ndi lokoma kumva, ndipo manyuzipepala amalikonda. Koma asayansi ena ataunika zaka zambiri ndi kuyesa m'makompyuta anapeza kuti mphamvu yake ndi yochepa, ndipo anakumbutsa kuti kumwamba kwa madera a ikweta nakonso kukutentha mofulumira, zimene zimakokera mbali ina. Ine ndimati pamayeso musalembe ngati nkhani yatha. Chimene mbali zonse zimavomereza n'choti blocking ikachitika lero, ikuchitika padziko lotentha kale. Kutentha kwake kumaposa kwa kale, ndipo popeza mpweya umatha kusunga chinyezi chowonjezera pafupifupi 7 peresenti pa digiri iliyonse imene wafunda, mvula yakenso imakhala yochuluka.

Mungathe kuiona nokha

Mukapeza mwayi wa intaneti, tsegulani mapu a mphepo monga Windy, musankhe mphepo ya pa 250 hPa, kumene ndi pafupifupi makilomita 10 kumwamba. Mudzaona malamba owala akukhotakhota mozungulira dziko. Yang'anani kumwera kwa Africa mu Juni kapena Julaye, mupeze khona limene likuyandikira Cape Town, mulembe tsiku lake m'kope. Kenako muziyang'ana kunja m'mawa uliwonse, muwerenge kuti papita masiku angati chiperoni kapena mwera zisanafike kwanuko. Chitani zimenezi kanayi kapena kasanu nyengo imodzi, chifukwa si khona lililonse limene limatifika.

Amene mulibe bandulo, yang'anani kumwamba m'miyezi yozizira yomweyo. Kumakhala timitambo toyera topyapyala ngati nthenga za nkhuku, totchedwa cirrus, tokhala kutali kwambiri kumwamba. Imani pansi pa denga kapena nthambi kuti mukhale ndi poyezera, muone kumene tikulowera. Kawirikawiri mudzapeza kuti utsi wa kukhitchini ukupita kumadzulo kapena kumpoto, motsatira mphepo ya pansi, pamene timitamboto tikulowera kum'mawa. Ndinayesa izi ndi kalasi langa m'mawa wina, ndipo mnyamata uja wa ufa wouluzika ndiye anayamba kuona. Anakhala chete kanthawi, khosi lili m'mwamba, kenako anafunsa ngati ndege yodutsa pamenepo ingafike msanga ku Mauritius.